Chala pamphuno, dzanja pachifuwa

Ine masewera a baseball ndinkadana nawo, ndisaname. Munthu wamkulu ngati amuna anga a Overstone, wa ntchito yake ku eyapoti, Loweruka lililonse n'kumakathamangitsa ana pabwalo lamatope ku Swords, kuno kunja kumene timakhala, ati ndine kochi! Atayamba kuwaitana pa TV kuti azifotokoza masewerawo, ndiye zinanyanya. Kutchalitchi anthu ankati, "Mayi a Evelyn, bambo tinawaona pa kanema." Ine n'kuti, "Mwayi wanu, ife kunyumba sitiwaona."

Sitiroko inawagwira mu February. Pakamwa panatsekeka, kunangotsala dzanja lamanzere. Dokotala wa pachipatala cha Beaumont sanabise, anati masiku atsala ochepa. Alamu anga a Lazaro ankaimba foni kuchokera ku Zomba m'mawa ndi madzulo: "Bweretsani munthu adzatsikire kwawo." Ine ndinavomera, koma mtima sunakhazikike. Nanga eni ake ankafuna chiyani?

Ndikawafunsa kuti, "Tizipita kumudzi?" ankagwira mphuno, kenako khutu, n'kusisita pachifuwa. Ndinkati akulephera kuchita chizindikiro cha mtanda, ndiye ndinaitana ansembe. Anawadzoza mafuta. Ansembe atangotuluka, iwo anayambiranso: mphuno, khutu, chifuwa, misozi ili chuchuchu.

Lachisanu kunabwera mwana wathu Evelyn kuchokera ku yunivesite. Uyu anasewera mu timu ya bambo ake kuyambira ali wamng'ono, ndipo Chichewa amamva koma amayankha m'Chingelezi. Ndinawafunsanso bambo ake, iye ali pomwepo. Anayang'ana dzanja lija, n'kukhala pansi pasimenti. Koyamba m'zaka zambiri anandiyankha m'Chichewa chake chopindikacho.

"Mami, adadi akuti osathamanga. Khala pomwe uli."

Anandifotokozera kuti umu ndi momwe kochi amalankhulira ndi wosewera ali patali, kuti a timu ina asadziwe. Mwana aliyense wa timu ya ku Swords akanamva tsiku loyamba lomwe. Ine mkazi wawo wa zaka twente-faifi, amene sindinapondeko pabwalo paja, ndinawasiya akukuwa ndi dzanja milungu itatu. Manyazi anandigwira, ndipo zimandiwawa mpaka lero.

"Nanga ukafuna kunena kuti ndamva, umatani?" ndinamufunsa.

"Mumagwira mlomo wa chipewa."

Chipewa ndinalibe. Ndinaima pomwe a Overstone akanatha kundiona bwino, n'kugwira m'mphepete mwa duku langa. Anandiyang'ana nthawi yaitali. Kenako dzanja lija linatsika pang'onopang'ono, n'kugona pabulangete.