Pepala la Tsonka pa Geti

Tsiku limenelo kunkawomba mphepo yotentha ya kumpoto, ija imafotetsa masamba a tomato dzuwa lisanafike paliwombo. Ndinathirira m'mamawa, ndinatseka geti, n'kupita kwa Velichka.

Lamulungu likudzalo chinkakwana chaka chimwalirireni Tsonka, mkazi wanga. Ife a ku Bulgaria chikakwana chaka timamata pepala pa geti: chithunzi, dzina, zaka, ndi mawu pang'ono. Ngakhale kuno ku Adelaide sitinasiye. Ine dzanja langa ndi la khasu. Wolemba wathu ndi Velichka Gancheva.

Velichka anathawa kwathu boma litaletsa buku lake loyamba. Atafika kuno analibe pogwira, ndiye Tsonka anamuika polongedza tomato m'munda mwathu. Ankalongedza akuphunzitsa anzake za ufulu wa antchito. Bwana wopondereza amene ankamunenayo ndinali ine. Kenako analemba mabuku khumi ndi limodzi, anayambitsa sukulu ya Loweruka yoti ana athu asaiwale chilankhulo, ndipo anakaima kutsogolo kwa thirakitala pamene minda inkagulitsidwa kuti amangepo nyumba. Nyumbazo zinamangidwa ndithu. Mabuku ake onse ndili nawo. Amene ankawawerenga ndi Tsonka.

"Bai Nedyo, khalani pansi," anatero Velichka, kunditchula dzina mwaulemu wa kwathu. "Ndamaliza dzulo. Ndinalira mpaka mphaka anatuluka panja."

Anandipatsa pepala. Sindinawerenge mawu, ndinangowerenga mizere. Inalipo makumi atatu ndi iwiri.

"Yachuluka."

"Simunawerenge n'komwe!"

"Dzina. Zaka. Tikukukumbukira. Basi."

"Zaka makumi anayi munthu akukuchapirani masokosi, inu mukumupatsa liwu limodzi?"

"Tsonka sankakonda zolankhulalankhula."

"Ankakonda! Kungoti anakwatiwa ndi chitsa."

Tinagwirizana kuti asindikize pepala limodzi, la mawu anga, la pa geti panga. Ndakatulo yakeyo asungire buku lotsatira. Sindinkafuna kuti mkazi wanga akhale choonerera cha anthu odutsa. Velichka anavomera msanga, ndipo pamenepo m'pamene ndikanayenera kukayikira.

Loweruka m'mawa ndikupalira, belu linalira. Pa geti panaima mayi wachitsikana wa ku nyumba zatsopano zija, dzina lake Bronwyn. Anali ndi galu ndi anthu ena asanu, onse atavala zipewa, atanyamula mabotolo a madzi. M'manja mwake munali pepala. Pamwamba chithunzi cha Tsonka, pansi mizere makumi atatu ndi iwiri ya zilembo zathu, zimene iwowo sangawerenge.

"Bambo, mapepalawa ali pa mapolo onse a magetsi mpaka kusitolo. Taona chithunzi chomwechi pa geti panupa. Ndi akazi anu?"

"Inde."

"Musadandaule, tiwapeza. Tayambira kumtsinje. Munawaona liti komaliza?"

"Chaka chatha."

Anayang'ana anzake aja. Galu naye anandiyang'ana.

"Ndiye mwayamba kuwafuna lero?"

Ndinalowa m'nyumba n'kumuimbira foni Velichka.

"Angati?" ndinafunsa.

"Makumi asanu okha," anayankha Velichka.

"Bwerani."

Anafika pa kagalimoto kake kakale, guluu ali m'zigongono. Anawauza anthuwo kuti Tsonka sanasowe, ali kumanda, ndipo kuti umu ndi mmene ife timakumbukirira. Bronwyn anagwira pakamwa. Koma Velichka anali atapeza nkhondo yatsopano, maso ali kung'anima.

"Mwaona, Bai Nedyo? Dziko lino limabisa akufa ake ngati zovala zakuda pobwera alendo. Pepala likangokhala pa polo, iwo akuti kwasowa mphaka kapena agogo. Ndilemba kalata kunyuzipepala. Tisainitsa anthu. Ufulu wolira poyera!"

"Mkazi wanga si chikwangwani cha msonkhano. Achoke."

"Sachoka."

"Achoka."

"Guluu wake ndi wabwino, ndakuchenjezani."

Bronwyn anapepesa katatu. Kenako anafunsa ndi mawu apansi kuti, "Nanga palembedwa chiyani apapa?"

Funso limenelo Velichka amaliyembekezera moyo wake wonse. Anavala magalasi, anatsokomola, n'kuyamba kuwamasulira mzere ndi mzere ndi mawu ake a kumisonkhano. Ine ndinaima pomwepo chifukwa geti ndi langa.

Mizere yoyamba inali ya mapiri a kwathu amene ankati akumulira Tsonka. Tsonka anabadwira kuchidikha, phiri ankaliona pa kalendala. Kenako kunabwera ziwombankhanga. Kenako maunyolo odulidwa. Bambo wina wa chipewa anamwa madzi ake onse.

Pa mzere wa makumi awiri ndi umodzi mawu ake anatsika. Anati mawu a pamenepa sanapeke, ndi a Tsonka mwiniwake, anamuuza ali kuchipatala. Tsonka anati mwamuna wake salankhula, koma m'mawa uliwonse, Tsonkayo asanadzuke, amatenga magambuti a mkazi wakeyo pakhonde n'kuwagogoda pansi, kuchotsa akangaude aululu aja a msana wofiira, kenako n'kuwabwezera ndendende pamene anali, kuti asadziwe. Anati ankadzuka kale, ankangogona phee kumvetsera kugogodako. Anati zaka zonsezo sanamuuze, poopa kuti akadziwa kuti wagwidwa asiya.

Ndinkaganiza kuti sadziwa.

Bronwyn ankapukuta m'maso. Velichka anavula magalasi n'kundiyang'ana ngati wapambana chisankho.

"Nanga tsopano, achitsa inu? Yachuluka?"

"Ankangoboola magambuti akangaudewo," ndinatero.

"Kangaude aboole gambuti? Anthu inu, mwamumva? Uyu ndi amene ndakhala naye m'dera limodzi zaka zonsezi. Boma linaletsa buku langa, koma linayamba lawerenga!"

"Mapiri achuluka."

"Mapiri ndiye mtima wa ndakatulo!"

"Mapepala achoke pa mapolo."

"Mukachotse nokha. Ine ndipita kukalemba kalata yanga."

Sanapite. Anakhala pa bokosi la tomato pamthunzi n'kuyamba kuwalembetsa mayina anthu asanu aja, ndi Bronwyn yemwe.

Ndinatenga mpeni ndi ndowa ya madzi, ndinayenda polo ndi polo mpaka kusitolo, ndinamatula onse. Limodzi ndinalidula ndi sizasi, kuchotsa mapiri ndi ziwombankhanga, ndipo lotsalalo ndinalimata pa geti, pansi pa langa.