Tchuthi cha Malumbo

Aphunzitsi a pasukulu yathu, kufupi ndi Nkhulambe, anandisankha ine Rose kuti ndiziwaimira m'bungwe lathu chifukwa pakamwa panga sipachita dzimbiri. Ndiye mkazi wa Malumbo atabereka mwana wamkazi, nkhondo ya tchuthi cha Malumboyo inagwera ine.

Malumbo ndi mphunzitsi wochokera ku Rumphi, wamtali ngati bulugama, amene anakwatira Eveles wa konkuno n'kukhala pachikamwini. Ahedi athu, a Makina, atamva pempho lake anaseka mpaka kutsokomola.

"Tchuthi cha uchembere? Kodi wabereka ndi iweyo?"

"Ahedi," ndinatero, "lamulo la ntchito masiku ano limapatsa bambo masabata awiri mwana akabadwa. Ngati mukukayika, tiyeni tikafunse limodzi kuboma."

A Makina saopa njoka, koma ulendo wa kuboma amauopa. Analola tsiku lomwelo, ndipo ine ndinayenda mapewa ali m'mwamba sabata yonse.

Loweruka ndinapalasa njinga kukaona khanda. Malumbo ndinam'peza pamjigo, akuchapa matewera pakati pa amayi amene ankagwirana mapewa ndi phwete. Iye sankaseka nawo.

"Amayi Rose, tchuthi chija chikungotha," anatero. "Mwana wanga sindinamuonebe. Ndimangomva kulira kwake kuseri kwa chipupa."

Zinachitika n'zakuti tsiku limene Eveles anabereka, Malumbo anali m'kalasi. Pamene ankafika kunyumba, mayi ndi khanda anali atalowa kale m'chikuta, ndipo kuno mwamuna salowamo mpaka mchombo wa mwana utagwa. Mchombowo sunkafulumira. Ndinapsa mtima, chifukwa masiku amenewo ndinawakhetsera thukuta ndine.

Titafika kunyumba, apongozi ake, mayi Aliness, anali pakhonde akupeta nandolo. Malumbo anaima patali, kuseri kwa nkhokwe, monga achitira mkamwini waulemu. Ine nditapereka moni ndinayamba ndi mawu anga a kumsonkhano, za ufulu wa ogwira ntchito, za lamulo, zonse zija zimene zinagwetsa a Makina.

"Aphunzitsi," anandidula, lichero lili m'manja, "lamulo lanulo limathera pageti ya sukulu. Mwanayu akadwala, boma lidzabwera kudzam'bereka kumbuyo?"

Ndinadziwa kuti ndakumana ndi mnzanga. Mutu umodzi susenza denga, koma apa ngakhale bungwe lonse likanabwera, likanabwerera chimanjamanja.

Kenaka anatsitsa mawu. "Koma mundiuze zoona, mwana wanga. Akamwini athuwa anawachotsa ntchito eti? Tikungowaona pamjigo. Eveles sitinamuuze, angasiye kudya."

Ndinaseka mpaka misozi. Kani mudzi wonse unkam'mvera chisoni Malumbo, ndipo iye, poti mkamwini sacheza ndi apongozi, analibe pofotokozera.

"Ayi, amayi, ntchito ilipo. Boma lam'masula dala, malipiro osadula, kuti akhale pafupi ndi mkazi wake ndi mwana."

"Kuti angokhala ndi mwana basi?"

"Basi."

Mayi Aliness anaika lichero pansi. Anatembenuzira maso kuphiri la Mulanje.

"Pamene ndinkabereka Eveles, bambo ake anali kothyola tiyi kuseri kwa phirili," anatero. "Anapempha kapitawo kuti abwere kumudzi, anawakaniza. Mwana anadzamuona akukwawa kale. Mpaka kufa kwawo ankaidandaula nkhani imeneyo."

 

Gogoyo anadzuka, n'kulowa m'nyumba. Tinamva akunong'onezana ndi Eveles, kenaka chitseko chinatseguka chonse. Anakhala pansi chamkati, khanda lili pamiyendo, atalifunyulula nkhope.

"Aitaneni," anandiuza. "Mwambo sitiphwanya. Phazi lisadutse pakhomo, ndipo manja akhale kwa mwini wake. Maso okha ndiwo alowe."

Malumbo anabwera chowerama, n'kugwada panja pafupi ndi khomo, manja ali kumbuyo ngati mwana wa sukulu wochedwa. Khanda linayasamula. Chimunthu chachitali chija chinayamba kulankhula Chitumbuka chokhachokha, misozi ili chuchuchu, ndipo Eveles mkatimo ankaseka.

Patapita nthawi anafuna kudzuka, poopa kuwatopetsa apongozi ake. Mayi Aliness anaiwala zoti mkamwini salankhula naye maso ndi maso.

"Khalani pansi, bambo," anatero. "Muyang'anitsitseni. Ana sachedwa kukwawa."