Mlandu wa Simbi

Mphenzi anali atameta kale mpala pamene asajeni anaima pa dzina lake n'kukweza magalasi pamphumi. Anzake osankhidwa kukaphunzira upolisi anali atadinda zala n'kutuluka, kukadikira lole ya Lolemba. Iye yekha anauzidwa kuti atseke chitseko.

"Pafomu apa, pofunsa ngati muli ndi mlandu wosatha, mwalemba ayi."

"Eya bwana. Ndilibe."

"Nanga wa simbi uja?"

Miyendo imene inamupatsa dzina loti Mphenzi, atasiya amuna makumi anayi m'mbuyo tsiku lothamanga, apa sikanamuthawitsa. Chaka chatha mwamuna wake, makaniko wa njinga zamoto, anabwera ataledzera n'kuyamba kung'amba mabuku amene iye ankawerengera mayeso. Mphenzi anali akusita, ndipo chimene chinali m'manja n'chimene chinayankha. Anagona m'chitokosi, n'kutuluka pa belo. Patatha sabata mwamunayo anakagwada kwa apongozi, misozi chuchuchu, kulumbira kuti mlandu wauchotsa. Chipsera chapachipumi pa mwamunayo chinasanduka nthabwala ya m'nyumba, moti alendo akafunsa ankati n'chidindo cha ukwati.

"Anachotsa, bwana. Anandiuza okha."

Asajeni, mayi waimvi wosathamangira kulankhula, anamutembenuzira fayilo. "Sanachotse. Fayilo inangogona monga amagonera mafayilo. Lachiwiri lapitali wodandaula anabwera kudzaidzutsa. Kalembedwe aka mukukadziwa?"

Anakadziwa. Lachiwiri lomwelo mwamuna wake anabwera kunyumba akuimba mluzu, atamugulira nsapato zakuda zimene anavalazi.

"Chemwali, woimbidwa mlandu sitimulowetsa pageti la sukulu ya upolisi. Mwiniwake akauchotsa lisanafike Lolemba, malo anu alipo. Kupanda apo titenga wina, ndipo chaka chamawa zaka zanu zidzakhala zitapitirira."

Panja, makaniko anali pabenchi, chikwama cha mkazi wake pamiyendo. Atamuona anadzuka n'kumenya sawatcha.

"Abwana athu atuluka. Bwanji nkhope ngati mwatafuna mankhwala a malungo?"

"Abambo, Lachiwiri munali kuno?"

Dzanja linatsika pang'onopang'ono. Mphenzi ankayembekezera kuti akana, ndipo mumtima ankafunadi kuti akane.

"Miyezi isanu ndi umodzi uli kumaphunziro, mayi. Kumeneko amuna okhaokha. Ukabwera ndi yunifolomu, ine wa girisi m'zikhadabo udzandiyang'ananso? Kugalaja ayamba kale kunditcha mkaidi wa mkazi wanga."

"Nanga nsapatozi?"

"Ndimafuna usandiganizire."

Ananena mopanda manyazi, ngati akuuza kasitomala kuti tayala laphwa. Zimenezo n'zomwe zinamuopsa Mphenzi kuposa fayiloyo: masiku atatu anadya naye mbale imodzi munthuyu, akumuthandiza kulongedza.

"Amayi ankandiuza za chikomekome cha nkhuyu, ine n'kumati akunena amuna a eni," anatero motsitsa mawu. "Lowani muchotse lero. Ndikupempha kamodzi kokha."

"Ndichotsa, usadandaule. Lole ikapita."

"Ndiye tsiku lina ndikadzapeza ntchito ina, mudzapezanso chondimangira."

Mphenzi analanda chikwama kwa makaniko n'kubwerera kuchitseko chija.

"Ukupita kuti? Kukhoti akakumanga, iwe."

"Mwina. Koma mukaimirira pamaso pa anthu n'kufotokoza nokha chimene ndinakumenyerani. Zovala zanga zotsala mupereke kwa achimwene anga."

Analowa osagogoda.

"Bwana, woimbidwa mlandu akafuna tsiku lakukhoti msanga, amaonana ndi ndani?"

Asajeni anakweza maso. "Akana?"

"Akana."

Anamulembera nambala ya chipinda pakapepala n'kumukankhira. Kenako anatenga lula, n'kudula dzina lake pamndandanda wa Lolemba, mzere umodzi wowongoka bwino.