Chipinda cha filiji

Bambo atadwala sitiroko, achimwene anawatenga kuti azikakhala kwawo. Pafoni anandiuza kuti awapatsa chipinda chogona chawochawo. Nditapita kukawaona, ndinapeza bedi lawo litapanikizika pakati pa filiji yaikulu ndi tebulo lositirapo. Kumutu kunali zitini za penti ndi njinga yopanda tcheni.

Tili mkati mocheza, chitseko chinangotseguka. Mlamu analowa, kutenga nyama mufiliji, n'kutuluka. Kenaka mwana wawo wamkazi kudzasita yunifolomu. Bambo anali chivulire malaya, ndipo anakokera bulangete pachifuwa ndi dzanja lawo labwino lija.

Mtima unandiwira. Achimwene ndinawapeza panja akutsuka galimoto.

"Chijachi n'chipinda chogona kapena sitolo?"

"Bedi sunalione?"

"Ndaliona. Ndaonanso kuti chotsekera chili kunja. Chipinda chogona amatsekera mkati. Chanu chija munthu amangolowa osagogoda?"

"Wayambatu iwe. Kwako kuja kachipinda kamodzi, ukawagoneka pati? Pashelefu?"

Zinandilasa poti zinali zoona. Komabe m'mawa mwake ndinabwera ndi sikuludiraiva ndi kachitsulo kotsekera mkati. Ndinali nditatsimikiza kuti ndikamaliza, filijiyo ndiikokera kukhitchini, wina afune asafune.

Bambo ankangondiyang'ana ndikumanga kachitsuloko. Nditagwira filiji kuti ndiikankhe, anati, "Isiye."

"Bambo, anthu akukulowerani ngati pamsika."

"Eya, akundilowera." Chidwalireni, mawu awo amatuluka limodzilimodzi. "Mlamu wakoyo akabwerera nyama, amandiuza zakunja. Mdzukulu akamasita, timadya miseche ya aphunzitsi ake. Ukachotsa filiji, muno adzabwera kudzatani?"

Ndinakhala pabedi, sikuludiraiva ili m'manja, filiji ikungolira.

"Ndiye kachitsuloka ndichotse?"

Chipindacho n'chaching'ono, moti chitseko amachifikira ali pabedi. Anatambasula dzanja, kukankha kachitsulo kaja, kukabweza, n'kukakankhanso.

"Aka kakhale. Ka povala."

Posakhalitsa wina anakankha chitseko, koma chinakana. Kenaka tinamva kugogoda kwamanyazi.

"Agogo, ndilowe? Ndikufuna kusita."

Bambo sanafulumire. Anamanga mabatani a malaya ndi dzanja limodzi lomwelo mpaka lapakhosi, kenaka anandilozera ndi mutu kuti nditsegule.