Katoni Yozondoka

"Za katoni yozondokayi anakuuzani ndani?"

"Palibe. Ndinangoganiza."

"Munangoganiza." Alamu anga anaika sikiripiti ya filimu yanga patebulo, chala chili pa tsamba 41.

Ndinawaitana ndekha ku ofesi kwathu kuti adzaonetse osewera filimu mmene anthu a kosungira mankhwala amagwirira ntchito. Sindinaganize kuti podikira tiyi awerenga nkhani yonse.

Chaka chatha ndinawajambula mu filimu ya zochitikadi, yokhudza mankhwala osowa m'zipatala. Nkhope tinabisa, mawu tinasintha mpaka ankamveka ngati chule wachimfine. Ananena zochepa. Koma pantchito yathu, mafunso akatha, tonse timakhala chete mphindi imodzi makina akujambula kamvekedwe ka chipindacho. Anthu amayesa kuti zatha. Alamu sanapirire. Ananong'ona kuti kuntchito kwawo katoni ya mankhwala abwinobwino amaizondotsa pashelefu, ndipo dalaivala wodzatenga mankhwala otha mphamvu amadziwa kuti imeneyo ndi yopita kwina.

Mu filimu ija sindinaikemo, chifukwa ndinalonjeza. Ndinaika mu ino, yopeka, ya akuba ndi mfuti. Ndinadziuza kuti lonjezo lija silinatchule zopeka.

Alamu anandikumbutsa kuti njirayi amaidziwa anthu anayi okha, ndipo atatu ndi akuba eniakewo. Anati bwana wawo mafilimu anga a zoona saonera, amati amagonetsa, koma a mfuti amaonera mpaka kuloweza mawu. Anati amuna awo, achimwene anga, akhala pakhomo chaka chonse, nyumba yonse ikudya ntchito imeneyi.

Ndinaimirira, ndinatsegula windo, ndinalitsekanso. Ndinayamba kusaka njira ina yoti akuba anga azidziwirana. Choko? Chimafufutika. Chingwe chofiira? Mlonda aliyense angachione. Meseji ya pafoni? Apolisi anga angawagwire pa tsamba 42, filimu n'kuthera pomwepo. Njira zanga zonse zinali zoboola. Ya akuba enieni inalibe bowo, ndipo ndinachita manyazi kuti ndikuwasirira.

Kenaka analowa a Chipewa, otsogolera filimu, omwe chisoti savula ngakhale m'bafa. Anati makatoni makumi asanu ndi limodzi asanjidwa kale m'khonde, kujambula ndi mawa m'mawa. Atamva kuti ndikufuna kusintha tsamba 41 anaseka, nati m'nkhani yonseyi ndi tsamba lokhalo lomwe likununkha zoona, ena onse akununkha sukulu.

"Mayi, ndinu katswiri wathu uja?" a Chipewa anawafunsa alamu. "Tiuzeni, zoterezi zingachitikedi?"

Alamu sanawayang'ane. Anatola chikwama chawo, nachiikanso pansi. Ine ndinali ndi cholembera m'manja, ndikuchitsegula ndi kuchitseka, maso ali m'khonde momwe mnyamata wa kamera ankayesa kuwala pa makatoni.

"Alamu," anatero kwa ine, mawu ali pansi, "Lolemba ndipite kuntchito kapena ndisapite?"