Lamba wa Chitsulo Chopindika

Tsiku limene ndinkapita kunja kwa dziko, amayi anandigwira dzanja pageti. "Ulonjeze kuti za m'nyumba muno sudzauza munthu." Ndinalonjeza. Zaka zonsezo ndinawerenga mabuku a anthu oulula mabala awo, ine ndili duu.

Nditabwerera, ndinapeza holo imene tinkaoneramo kanema akugulitsiramo matayala. Mitengo ya mumsewu wathu anadula yonse. Chimene chinakula bwino ndi mlongo wanga yekha. Ndinamusiya ali kamtsikana koopa ngakhale kutsokomola. Tsopano amachita zisudzo zopanda nsanja, zoputa anthu dala.

"Achimwene, mubwere Loweruka. Muvale nsapato zachikopa," anandiuza.

"Zoterezi ndaziona kunja mpaka kutopa nazo."

"Eya, munaona za eniake."

Loweruka litafika, anatikhazika mozungulira muholo muja, kuseri kwa milu ya matayala. Iye analowa chokwawa ndi maondo, burashi ndi polishi m'manja, lamba m'khosi. "Sindisiya mpaka wina andiyankhe," anatero. Akapukuta nsapato za munthu, ankadzikwapula kumsana ndi lambayo, phwaa! Kenako n'kumuyang'ana m'maso: "Lamba uyu ndi wa ndani?"

Chitsulo chake chopindikacho ndinachizindikira pomwepo. Lambayo anali wa malemu bambo athu, amene anthu amawakumbukirabe ngati mphunzitsi wofatsa. Amalume anamuzindikiranso lambayo, poti mwadzidzidzi anayamba kuchita chidwi ndi denga. Amayi anakhala pafupi ndi chitseko, chikwama atachipanira pamiyendo.

Bwana wina wa suti anatambasula phazi uku akuseka. "Apa sipanawale, mtsikana iwe." Mlongo wanga anapukutanso, n'kudzikwapula kawiri osaphethira, mpaka bwanayo anabisa mapazi pansi pa mpando. Kunja ndinaona akatswiri a zisudzo otchuka akudzicheka pamaso pa anthu omwa vinyo, koma sindinaonepo wina wogwada amene akulamulira chipinda chonse ngati mwana wa amayi angayu.

Bulauzi inayamba kumata kumsana ndi magazi. Palibe anayankha. Anafika pa ine, napukuta nsapato zanga modekha, n'kukweza lamba.

"Lamba uyu ndi wa ndani, achimwene?"

Ndinaimirira.

"Ndi wa bambo athu," ndinatero mokweza, amayi akumva. "Ankatikwapula ndi lamba ameneyu tonse atatu, kuyambira amayi."