Tebulo Pa Njerwa

Limbani anali atayesa nyumba zambiri. Ku Kawale, nyimbo za pabala zinkamubalalitsa maganizo. Ku Ndirande, denga linkadonthera pamapepala. Pa Salima, chipinda chake chinayang'anizana ndi depoti, ndipo oitanira maminibasi ankamulalatira m'mutu tsiku lonse. Buku limene ankalemba linaima pakati. Zaka zinapita.

Kenako anapeza kanyumba ka zidina ku Senga Bay, pamchenga penipeni. Fungo la usipa woyanikidwa pathandala linkalowa mpaka m'pilo. Koma kumeneko mawu anabwera. Ankadzuka, kukhala patebulo, kulemba. Mapeto a bukulo anayamba kuoneka.

Mvula itasiya, mtima wake unakhala pansi. Poti anakulira m'tauni, ankadziwa kuti madzi amaopsa nthawi ya dzinja basi. Nyanja siyendera zimenezo. Inapitiriza kukwera kumwamba kuli mbee. Inameza mathandala. Inafika pakhonde.

Mayi Hajara, eni nyumbayo, anabwera kudzamuuza kuti anthu onse a mzere umenewo asamukira kumtunda. Anati mchimwene wawo ali ndi chipinda kuseri kwa msika. Limbani anati wamva. Sanasamuke. Anatola njerwa n'kukweza tebulo.

Madzi atalowa m'nyumba, anawonjezera njerwa zina. Ankalemba mapazi ali m'madzi, zala zitatuwa. Unatsala mutu umodzi wokha.

Mwera unayamba m'mawa wina. Mafunde ankamenya khoma osalekeza. Mayi Hajara anaima pawindo, madzi akuwalekeza m'maondo.

"Achimwene, tulukani. Zidina zasungunuka pansipa."

"Mayi, kwina konse ndinayesa. Sindilembako."

"Ndiye mukamalizira kumanda?"

Limbani analemba mzere wina. Khoma loyang'ana kunyanja linayamba kukhala pansi, pang'onopang'ono, ngati munthu wotopa. Dothi linagwera patsamba. Apo mpamene anakumbatira mapepala ake n'kutuluka. Tebulo linatsala.

Chipinda cha kuseri kwa msika chinali chouma bwino. Chinagundizana ndi chigayo. Limbani anakhala pamkeka, mapepala pamiyendo, cholembera m'manja. Chigayo chinkalira. Mutu wotsala uja sunabwere. Mawa lake chimodzimodzi.

Masana ena anakabwereka beseni kwa mayi Hajara. Iwo anamuyang'ana, n'kumupatsa. Anapita nalo kunyanja, n'kutunga madzi ndi mchenga womwe. Atabwerera kuchipinda kuja, analiika pansi pa mpando, n'kuviikamo mapazi.

Anadikira. Madziwo ankangofunda.